Desiki ya Miyendo Itatu

Madesiki amene anathetsa sukulu ya mwana wanga ndinawakhoma ndine, ndipo ndinawachekanso ndine. Ndikunena poyambirira pomwe kuti wina asadzandiuze ngati nkhani yatsopano. Ndine kalipentala. Shedi yanga ili kuseri kwa msika, moyang'anana ndi njanji, ndipo njanjiyo ndi imene imagawa tauni yathu pawiri. Kumtunda kuli anthu akwathu, kumunsi kuli anthu akwawo kwa mkazi wanga. Timasiyana chilankhulo, timasiyana mapempheredwe, koma msika ndi umodzi, ndipo pogula tomato palibe amene amafunsa mnzake kuti agogo ake anachokera kuti.

Mwana tili naye mmodzi, wamkazi. Timamutcha Mafunso, chifukwa chiyambireni kulankhula sanapatsepo munthu mpata wopuma. "Bambo, msomali umamva kuwawa?" "Bambo, thabwa likadali mtengo linkadziwa kuti lidzakhala chitseko?" Ndinkamuthamangitsa m'shedimo katatu pa tsiku, kachinayi ndikumuitana ndekha. Sukulu anayamba mochedwa ndi zaka ziwiri, koma osati chifukwa cha mutu wake. Nthawi imeneyo masukulu anali awiri. Ya kumtunda inati mwanayu amalankhula cha amayi ake, apite kumunsi. Ya kumunsi inati bambo ake ndi akumtunda, abwerere kwawo. Ndinawoloka naye njanji mpaka nsapato zinang'ambika, ndipo ndinaona ndi maso anga kuti mapanga awiri avumbwitsadi. Pamapeto pake ya kumunsi inamulandira monyinyirika.

Ali m'kalasi yomaliza ya pulayimale, ku unduna wa zamaphunziro kunayamba kuchokera makalata. Anthu a ku unduna amalemba bwino, sindingawanamizire. Kungoti amalemba atakhala pa mipando yozungulira, ndipo kuno sanafikeko. Kalata yoyamba inati masukulu awiri aja akhale sukulu imodzi, m'midadada yatsopano pafupi ndi msika. Yachiwiri inati pa desiki iliyonse pazikhala ana awiri, wakumtunda ndi wakumunsi, kuti akule ngati mtundu umodzi. Ziwirizi ine ndinaziombera m'manja, popeza m'nyumba mwanga zinali zitachitika kale. Yachitatu ndiyo inandisowetsa tulo. Inati mayeso a boma saloledwa kulemba mwana wopitirira zaka khumi ndi zisanu, ndiponso sukulu yopanda madesiki okwanira siilembetsa mayeso. Mafunso anali ndi zaka khumi ndi zisanu ndendende. Mpata wake unali umodzi wokha, chaka chomwecho.

Ntchito yokhoma madesiki inagwera ine. Chithunzi chimene anatumiza chinali ndi desiki ya ana awiri, thabwa lolembera pamwamba, benchi kumbuyo, mwendo umodzi kumanzere, wina kumanja. Ndinaseka. Amene anajambula chimenecho sanaonepo ana akudumphira pa desiki aphunzitsi akatuluka. Ndinawonjezera mwendo wachitatu pakatikati, wokhuthala, wogwira thabwa ndi benchi pamodzi. Ndinkanyada nawo mwendo umenewo, ndinkauza aliyense wodutsa pa shedi kuti desiki yanga ingathe kunyamula ng'ombe.

Ahedi a sukulu yatsopanoyo anali mayi wamfupi wa magalasi okhuthala, wokonda dongosolo kuposa chakudya. Anakhazika ana akumtunda onse kumanzere kwa desiki, akumunsi kumanja, ndipo analemba mayina awo pa thabwa ndi penti yoyera kuti pasakhale wosuntha. Mafunso, pochokera ku sukulu ya kumunsi, anakhala kumanja. Kumanzere kwake anamuika mwana wa achimwene anga. Ahediwo ankaganiza kuti achita zanzeru kukhazika pamodzi ana a pachibale.

Achimwene anga ndi dalaivala wa lole, munthu wa mtima wapachala, ndipo ukwati wanga sanauvomerepo. Lachitatu la sabata yomaliza mayeso asanayambe, anatuma mwana wawo uja madzi akumwa, ndipo mwanayo, mosaganiza, anayankha m'chilankhulo cha kumunsi. Anali atachitola kwa Mafunso. Mbama inalira, koma sizinathere pomwepo. Pofika Lachinayi nkhani inali itamera miyendo. Kumtunda ankati ana akuphunzitsidwa mapemphero a kumunsi. Kumunsi nako ankati anyamata akumtunda akugwiragwira ana awo aakazi kunsi kwa desiki. Palibe amene anapita kukafunsa ana eni ake. Mayeso ankayamba Lolemba.

Lachisanu m'mawa ndinali m'shedi kusongola mapensulo atatu amene ndinamugulira Mafunso olembera mayeso. Ndinkasongola ndi tchizulo, pang'onopang'ono, kuti nsonga ikhale yaitali koma yosathyoka. Mayi wina wosoka zovala anatulukira akuthamanga, tepi ili m'khosi.

"Akalipentala, mwangokhala? Madesiki anu akuwatulutsa panja! Abwera ndi petulo!"

Ndinatola thumba la zida, sindikudziwa kuti ndinkati ndikachita nalo chiyani, ndi kuthamanga.

Pabwalo la sukulu ndinapeza amuna akumtunda oposa makumi anayi, ndi azimayi angapo oimbira. Madesiki makumi atatu a kalasi yomaliza anali atawaunjika pakati. Ana anali ataunjikana m'khonde, ahedi ataima patsogolo pawo atatambasula manja. Achimwene anali ndi chigubu cha petulo m'dzanja limodzi, sipanala yaikulu yomasulira matayala m'dzanja linalo.

"Achimwene, ikani chigubucho pansi," ndinatero. "Madesikiwa akapsa, Lolemba kulibe mayeso. Ngakhale mwana wanu yemwe salemba."

"Wanga adzalemba chaka chamawa, akadali wamng'ono," anayankha. "Koma sadzakhalanso thabwa limodzi ndi mwana wakumunsi. Iwe unagulitsidwa kale, tisiye ife titeteze ana athu."

"Mwana wakumunsi mukunenayo ndi mwana wanu yemwe. Munamunyamulapo m'manja."

"Choka, ndingakuthire limodzi."

Anatsegula chigubu. Fungo la petulo linandilowa m'mphuno. Apo ndi pamene inandibwerera nzeru ija, nzeru ya kalipentala, imene ndikuitemberera mpaka lero.

"Dikirani!" ndinakuwa. "Vuto lanu ndi thabwa limodzi? Ndiye musawotche. Ndicheka ndine, desiki iliyonse pakati. Aliyense akhale pa chake. Loweruka ndi Lamlungu ndikhoma miyendo yowonjezera, Lolemba ana onse alembe."

Anayang'anana. Wina anaseka, nati zoona, petulo ndi wokwera mtengo masiku ano. Ndinatembenukira kwa ahedi. Anati kalata ya ku unduna ikuletsa, ndiye ndinawafunsa ngati kalatayo imazimitsa moto. Anagwedeza mutu kuti chitani.

Tsopano mvetsetsani, chifukwa apa ndi pamene panagona tsoka. Desiki yanga sungaicheke pakatikati penipeni, popeza pamenepo pali mwendo uja, wodzaza ndi misomali. Uyenera kucheka pambali pake. Ine ndimagwira ntchito ndi dzanja lamanja, ndiye ndinaima kumbuyo kwa desiki yoyamba, ndi kujambula mzere ndi sikweya kumanja kwa mwendowo, ndi kuyamba kucheka. Chidutswa chakumanzere chinatsala ndi miyendo iwiri, chinaima bwinobwino. Chakumanja chinatsala ndi mwendo umodzi, chinagwa chammbali. Sindinachiyang'ane nkomwe. Mutu wanga unali pa matabwa amene ndinali nawo m'shedi, ngati angakwane miyendo makumi atatu. Dzanja likazolowera ntchito silifunsa mutu. Yachiwiri ndinacheka chimodzimodzi, yachitatu chimodzimodzi. Amuna aja ankandigwirira madesiki, akuimba, ndipo pena ine ndemwe ndinkamva kukoma kuti sowo yanga ikudya bwino.

Dzuwa litafika pamutu ndinali pa desiki yomaliza, malaya ali chonyowa, utuchi uli m'maso. Ndinamva wina akundikoka malaya. Anali Mafunso.

"Bambo, bwanji akugwa ndi a mbali yathu okhaokha?"

Ndinaweramuka. Kumanzere kwanga kunali mzere wa timadesiki makumi atatu titaima chilili, tonse tili ndi mayina a ana akumtunda. Kumanja kunali mulu wa matabwa ogona m'fumbi, miyendo ili m'mwamba, mayina a ana akumunsi atayang'ana pansi. Ndisanayankhe, geti linalira.

Anthu akumunsi anali atamva kumsika kuti ana awo athamangitsidwa pa madesiki. Anabwera ndi zimene anali nazo m'manja: miyala ya sikelo, mipini ya makasu, zikwanje. Patsogolo panali alamu anga, mchimwene wa mkazi wanga, wogulitsa nyama, epuloni ili ndi magazi a mbuzi. Munthu ameneyu tinkadya naye mbale imodzi. Anayang'ana mzere woimawo, anayang'ana muluwo, kenako anayang'ana sowo ili m'manja mwanga.

"Alamu, ndifotokoze," ndinatero.

"Ufotokoze chiyani? Ana anu pa mipando, ana athu pansi ngati agalu? Ndipo wacheka ndiwe? Tinakupatsa mlongo wathu, iwe!"

"Miyendo ndikhoma mawa, sindinaone kuti..."

Anandimenya ndi chikwanje chammbali, pakhutu. Ndinamva ngati belu la sukulu lalira m'mutu mwanga, ndipo ndinapezeka ndagwada. Mwala wa sikelo unandidutsa pamwamba ndi kukamenya munthu amene ankandigwirira desiki. Mano ake anagwera pa thabwa ndili kuona.

Zimene zinatsatira sindingazifotokoze mwadongosolo chifukwa zinalibe dongosolo. Anthu anathyola miyendo ya zidutswa zogwa zija, miyendo imene ndinaipala ndekha mpaka kusalala, ndi kuyamba kuswana nayo mitu, misomali ili pomwepo. Mnyamata wogulitsa makala anang'ambidwa tsaya kuchokera pakamwa mpaka kukhutu, ndipo ankathamanga mozungulira atagwira nyamayo ndi dzanja. Mayi wina anakhalira mnzake pachifuwa, akumumenyetsa mutu pa simenti ya khonde, pamene dzulo lake ndinawaona awiriwo akupatsana moto wophikira. Ahedi analowa pakati akukuwa kuti pali ana, pali ana, njerwa inawapeza pamphumi, magalasi anasweka, anagwa mwakachetechete. Mlonda wa sukulu, nkhalamba yosalakwira munthu, anawerama kuti awakoke. Gulu linamudutsa pamwamba, ndipo sanadzukenso.

Ndinagwira Mafunso pamkono, ndi kumukankhira m'kalasi mmene aphunzitsi awiri ankalowetsa ana, ndi kumuuza kuti asayandikire windo. Ndikanalowa nawo. Munthu wanzeru akanalowa. Koma ine mtima wanga unali pa Lolemba. Ndinaganiza kuti ndikaimika chidutswa chimodzi chokha cha kumunsi, anthu aone ndi maso kuti zikutheka, aleka. Inde, ndinaganiza zimenezo, magazi akutsika m'khosi mwanga, anthu akuphana.

Ndinakwawa mpaka pa mulu uja, ndi kufunafuna mpaka ndinapeza thabwa la dzina la mwana wanga. Linali lisanathyoke. Mwendo woti ndikhomepo panalibe, yonse inali m'manja mwa anthu. Ndiye ndinakoka kadesiki koima kamene kanali pafupi, ndi kukagwetsa, ndi kugumula mwendo wake wapakati ndi hamala. Sindinawerenge dzina. Kanali ka mwana wa achimwene.

Ndinaika mwendowo pansi pa thabwa la Mafunso, ndi kuyala dzanja lamanja pamwamba kuti ndilinganize, lamanzere likufufuza msomali m'thumba. Mthunzi unandiphimba.

"Wathyola ya mwana wanga kuti uimike ya mwana wa mkazi wakoyo?"

Nkhope ya achimwene inali magazi okhaokha, diso limodzi litatsekeka.

"Achimwene, ndibweza mawa. Mwanayu alibe chaka china."

Sipanala inatsika pa dzanja langa. Ndinamva mafupa akuphwanyika ndisanamve ululu. Ndinayesa kulichotsa, linakana kundimvera. Inatsikanso kachiwiri. Ndinakuwa dzina limene ndinkawaitana tili ana, limene sindinalitchulepo zaka makumi atatu. Anamva, ndinaona kuti amva, koma mkono unali utanyamuka kale, ndipo inatsika kachitatu. Thabwa linang'ambika pakati pa dzina la mwana wanga.

Amene anayatsa petulo uja sindikumudziwa. Akumtunda amati ndi akumunsi, akumunsi amati ndi akumtunda. Ine ndinangomva kutentha kumsana, wina akundikoka miyendo. Madesiki anga anayaka bwino, anali matabwa ouma, opakidwa vanishi kawiri. Apolisi anafika moto utagwira denga la khonde, anathira utsi wokhetsa misozi ngakhale m'kalasi mmene munali ana, ndipo anamenya aliyense amene sanathe kuthawa.

Kuchipatala anandidula zala zitatu. Chinatsala chala chachikulu ndi chaching'ono, zonse zouma ngati zikhomo. Mkazi wanga anakhala pambali pa bedi masiku anayi osalankhula za abale ake kapena za abale anga, ndipo ine ndinamuthokoza mumtima.

Lolemba Mafunso anavala yunifolomu, anatenga mapensulo aja m'shedi, ndi kupita kusukulu. Anapitako ana khumi ndi awiri okha. Woyang'anira mayeso anafika pa galimoto ndi mapepala omata. Anatsika, anayang'ana phulusa, analemba m'kabuku, ndi kukweranso. Ana anamutsatira mpaka pageti. Mafunso anabwera kuchipatala ndi yunifolomu yomweyo, anakhala pansi, osandifunsa kanthu. Ndinayembekezera kuti afunse ngati dzanja likuwawa, kapena kuti zala zodulidwa amazitaya kuti. Sanafunse, ndipo zimenezo zinandiwawa kuposa dzanja.

Nditatuluka ndinapita ku ofesi ya zamaphunziro, bandeji ili kumkono. Mlembi wa pamenepo anali mnyamata waulemu, anandipatsa ngakhale mpando. Anati ana a sukulu yathu adzalemba chaka chamawa. Ndinati wanga chaka chamawa adzakhala ndi zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi. Anati pepani bambo, lamulo la zaka ndi la dziko lonse, linaikidwa kuti ana asamakalambire m'kalasi. Ndinamufunsa kuti nanga amene anamuchedwetsa zaka ziwiri ndani, si masukulu anu omwe? Anati zimenezo zinali za ndondomeko yakale. Ndinamenya tebulo ndi dzanja lodulidwalo, moiwala, ndipo anachita kundinyamula.

Achimwene anatulutsidwa m'chitokosi patapita milungu itatu, popeza panalibe mboni, ndipo ine sindinafune kukhala mboni. Anabwera ku shedi ndi malalanje m'pepala. Anaima pakhomo, nati chibale ndi fupa, sichiola. Ndinawaonetsa dzanja langa, ndi kuwauza kuti za mafupa asandiphunzitse, ndinawamva akusweka. Anasiya malalanjewo pa benchi, ine ndinawapatsa ana odutsa. Alamu sabwera. Tikakumana kumsika amayang'ana nyama yawo.

Patapita miyezi inayi kunabwera kalata ina ya ku unduna. Akuti pophunzirapo pa zimene zinachitika, mwana aliyense azikhala pa desiki yakeyake. Ahedi, amene tsopano ali ndi chipsera pamphumi, anabwera okha kudzandipatsa ntchitoyo. Anati akudziwa kuti sindinachite dala. Ndinafuna kukana, koma m'nyumba mumafunika kudya.

Sowo sindingathenso kuigwira. Ndiye ndimakhala pa mpando, ndi kumanena miyeso, ndipo amene amacheka ndi Mafunso. Ali ndi dzanja labwino, loposa langa ndili msinkhu wake, ndipo anthu odutsa amandiyamikira kuti ndili ndi mwayi. Ndikamva zimenezo ndimafuna kuwagenda ndi hamala. M'mawa ana a yunifolomu amadutsa pa shedi, mwana wa achimwene ali pakati pawo, ndipo Mafunso satukula mutu.

Tsiku loyamba la ntchitoyo anayala thabwa pa benchi, anaika sikweya, ndi kutulutsa pensulo m'thumba la epuloni. Ndinaizindikira nsonga yake, yaitali, yosongoledwa ndi tchizulo. Anajambula mzere wowongoka bwino, anatola sowo, kenako anaima. Kwa nthawi yoyamba chichokereni tsiku lija anandiyang'ana ngati kale, mutu utapendekeka, ndipo mtima wanga unadumpha kuti mwana wanga wabwerera.

"Bambo," anatero, "ndicheke mbali iti ya mzerewu?"

Zaka makumi atatu ndakhala ndikuyankha funso limenelo osaganiza nkomwe. Ulendo uno ndinangoyang'ana dzanja langa lodulidwalo. Anandidikira pang'ono, kenako anaweramira thabwa, ndi kuyamba kucheka yekha.